Kodi zitsekerero za mabotolo zimasanduka bwanji nsalu?

Mmodzi mwa owerenga athu watumiza imelo iyi: "Ndinaona chithunzi cha chinthu chonyezimira ngati nsalu yaikulu chili pakhoma, akuti n'zitsekerero za mabotolo. Amapanga bwanji? Ine ndatolera za Fanta ndowa yodzadza, zingatheke?"

Zikomo achimwene. Mwina munaona ntchito ya El Anatsui, mmisiri wa ku Ghana wobadwa mu 1944, amene anaphunzitsa zaluso pa University of Nigeria ku Nsukka kuyambira mu 1975. Koma ndowa yanuyo ikugwiritsani mwala. Zitsekerero za Fanta wa m'mabotolo agalasi n'zachitsulo, n'zolimba, ndipo zikangolawa chinyontho zimachita dzimbiri. Anatsui amagwiritsa ntchito za aluminiyamu, zopotokola zija za mabotolo a mowa waukali monga jini ndi wisiki. Yesani ndi maginito: chomwe chakakamira, chiikeni pambali.

Chitsekerero chilichonse chimapereka zidutswa zitatu. Pamwamba pamatuluka kozungulira ngati ndalama, m'mbali mukadula ndi sizasi n'kuwongola mumapeza kalamba, ndiye pali kamphete kotsalira pakhosi pa botolo. Chotsani kapulasitiki ka m'kati, mutsuke, muumitse. Kenako boolani mabowo anayi m'makona ndi msomali waung'ono, kachidutswako mutakaika pathabwa. Bowo likayandikira m'mphepete kwambiri limang'ambika nsaluyo ikayamba kulemera, choncho siyani mamilimita awiri kapena atatu.

Polumikiza pamafunika waya wa kopa wopyapyala. Apa ndi pamene ambiri amalakwitsa, chifukwa amamanga kwambiri. Wayayo akhale wolekerera pang'ono kuti kachidutswa kalikonse kaziyenda, apo ayi mupeza lata louma losapindika. Komanso kopa ndi aluminiyamu zikakhudzana pamalo onyowa, aluminiyamu ndi amene amadyeka, ndiye musaisiye pakhonde m'dzinja. Magolovesi musaiwale, m'mphepetemo mumacheka ngati lezala.

Anatsui sasoka chinsalu chonse kamodzi. Anyamata ambiri omuthandiza amalumikiza timagawo ting'onoting'ono, iye n'kumatiyala pansi, kusuntha ichi, kubweza icho, mpaka mitundu itagwirizana. Inunso yambani ndi timagawo tonga chikhatho.

Tsono musaganize kuti nkhani yake ndi yongosamala zinyalala. Mowa waukali unali m'gulu la katundu amene amalonda a ku Ulaya ankabwera naye kugombe la kumadzulo kwa Africa kudzagulira akapolo. Akapolowo ankakalima nzimbe kuzilumba za Caribbean, nzimbezo n'kutulutsa mowa waukali wotchedwa ramu, ramuyo n'kubwerera kudzagula anthu ena. Chitsekerero chilichonse chadutsanso m'manja mwa wofulula, wogulitsa ndi wakumwa, ndipo dzina la mowawo limawerengekabe. N'chifukwa chake kupaka penti pamwamba n'kuononga: mwafufuta mboni. Ntchito yake ya mu 2023 kunyumba yoonetsera zaluso ya Tate Modern ku London, yotchedwa Behind the Red Moon, inakhudza malonda a akapolo omwewa.

Choncho musanadule kanthu, dzifunseni kuti zitsekerero zanuzo zachokera kuti ndipo anamwa ndani. Za pamaliro ndi za pabala ya pa Chigwirizano sizinena zofanana.

Popachika, Anatsui sapereka malamulo. Opachikawo amasankha okha mokwinya. Inu khomani misomali ingapo motalikirana kuti kulemera kugawikane, chifukwa msomali umodzi ung'amba mzere wapamwamba.