Asilikali a 54th Massachusetts ndi miyezi 18 yokana malipiro

Mphunzitsi wina wa mbiri yakale wanditumizira imelo kufunsa ngati n'zoona kuti pa nkhondo yapachiweniweni ya ku America panali gulu la asilikali akuda limene linamenya nkhondo chaka ndi theka osalandira ngakhale khobidi, ndiponso ngati boma ndilo linawamana. Aphunzitsi, nkhaniyi ndi yoona, koma ndalamazo anazikana okha, ndipo kwa ine kukana kumeneku n'kofunika kukumbukiridwa mofanana ndi nkhondo imene inawatchukitsa.

Gululo linali 54th Massachusetts Volunteer Infantry, asilikali oyenda pansi amene analowa usilikali mwa kufuna kwawo. Bwanamkubwa wa Massachusetts, John Andrew, analikhazikitsa kumayambiriro kwa 1863, Pulezidenti Abraham Lincoln atangolengeza kuti akapolo a m'zigawo zoukira za kummwera ndi mfulu. Popeza anthu akuda anali ochepa ku Massachusetts, olemba asilikali anafika mpaka ku New York, Pennsylvania, Ohio ndi Canada, ndipo Frederick Douglass, amene iye mwini anathawa ukapolo, ana ake awiri, Lewis ndi Charles, analembetsa nawo. Akuluakulu a gululo anali azungu, motsogozedwa ndi Robert Gould Shaw wa zaka 25. Ananyamuka ku Boston pa 28 Meyi akudziwa bwino kuti boma la kummwera laopseza kuti msilikali wakuda akagwidwa sadzatengedwa ngati mkaidi wa nkhondo, ndipo mzungu womutsogolera adzaphedwa.

Madzulo a pa 18 Julayi 1863, amuna pafupifupi 600 a gululi anatsogolera chiwembu pa linga la Fort Wagner, pafupi ndi Charleston. Njira yofikira palingalo inali kamchenga kopapatiza, nyanja mbali ino dambo mbali inayo, moti mizinga ya adani inkangowalasa ali thithithi. Lingalo silinagwe, ndipo oposa 250 anaphedwa, kuvulala kapena kugwidwa. Shaw anafera pamwamba pa mpanda, adani n'kumuponya m'dzenje limodzi ndi asilikali ake pofuna kumunyoza, koma bambo ake anapempha kuti mtembowo usafukulidwe, ugone pomwepo ndi anzake. Sajeni William Carney anatola mbendera wonyamula atagwa, naibweretsa kumbuyo ali ndi mabala angapo, ndipo mendulo yapamwamba ya Medal of Honor anadzailandira mu 1900.

Tsono za malipiro zinali motere. Polembedwa analonjezedwa madola 13 pamwezi monga msilikali wachizungu, koma boma la dziko lonse linati alandire madola 10, kuchotsapo 3 a yunifolomu, n'kutsala 7, ngati antchito wamba okumba ngalande. Wolipira akabwera ndi ndalama, iwo ankakana kusaina. Kumapeto kwa 1863 boma la Massachusetts linadzipereka kuwonjezera ndalama yotsalayo kuchokera m'thumba lake, koma anaikananso, chifukwa chimene ankafuna chinali chakuti boma la dziko lonse, limene ankalifera, livomereze kuti iwo ndi asilikali enieni. Apa m'pamene ine ndimawapatsira ulemu waukulu, pakuti kumudzi akazi ndi ana awo ankagona ndi njala, makalata odandaula ankafika kumsasa, ndipo munthu wotola ndalama zimenezo sakanadzudzulidwa ndi aliyense. Anapirira, namenyanso nkhondo ku Olustee ku Florida pa 20 Febuluwale 1864, kumene anatchinjiriza anzawo pobwerera atagonja.

Mu Juni 1864 nyumba ya malamulo ya Congress inavomereza malipiro ofanana, ndipo mu Seputembala anapatsidwa ndalama zawo zonse za m'mbuyo. Ngati mukufuna munthu mmodzi woti ophunzira anu amugwire m'mutu, auzeni za kopolo James Henry Gooding, amene mu Seputembala 1863 analembera Lincoln kalata yofunsa ngati iwo anali asilikali kapena antchito wamba. Anavulala ndi kugwidwa ku Olustee, namwalira m'ndende ya Andersonville mu Julayi 1864, kutatsala miyezi iwiri kuti anzake alandire.