Jury Chechi, mtanda wa pa ma ring, ndi chigongono chomwe chikuwawacho

Achimwene ena alemba imelo. Agula ma ring (mphete ziwiri zolendewera pa zingwe za masewera a jimunasitiki), akufuna kuchita mtanda (kukhala m'malere pa ma ring manja atatambasukira m'mbali) ngati katswiri wa masewerawa Jury Chechi, koma chigongono chikuwawa cha mkati, ndiye akufunsa ngati pa zaka 30 achedwa kale.

Chechi yemwe mukumutchulayo anabadwira ku Prato, ku Italy, mu 1969. Pa ma ring anatenga golide wa mpikisano wa dziko lonse kasanu motsatizana, kuyambira 1993 mpaka 1997, komanso golide wa Olympic ku Atlanta mu 1996. Izi anthu amazidziwa. Chomwe sakumbukira n'chakuti ku Olympic ya ku Barcelona mu 1992 sanapikisane, mtsempha wa kuchidendene utaduka masewera atatsala pang'ono kuyamba. Ku Sydney mu 2000 analepheranso, ulendo uno mtsempha wa biceps, mnofu wa kutsogolo kwa mkono, ndi umene unaduka. Munthu wophunzitsidwa kuyambira ali mwana, wokhala ndi makochi ndi madokotala pambali pake, mitsempha inamugonjetsabe kawiri.

Anabwerera ku Athens mu 2004 ali ndi zaka 34 n'kutenga mendulo ya buronzi. Golide anapita kwa Dimosthenis Tampakos wa ku Greece, siliva kwa Yordan Yovchev wa ku Bulgaria, ndipo ambiri, Chechi yemwe, anaona kuti Yovchev ndi amene anayenera kupambana. Kwa ine buronzi ameneyu ndi wolemera kuposa golide wa ku Atlanta, ndipo sindisintha maganizo. Ena adzati Albert Azaryan, amene anapambana golide wa Olympic pa ma ring mu 1956 ndi 1960, ndiye mwini mtanda weniweni, poti pali mtundu wina wa mtanda wotchedwa dzina lake. Zoona, koma imeneyo ndi nkhani ina.

Vuto la mavidiyo a pa YouTube n'lakuti amaonetsa masekondi awiri amene majaji amafuna kuti munthu aime chilili, manja atatambasuka, mapewa atalingana ndi ma ring. Saonetsa kuti pamenepo chigongono chowongoka chikunyamula thupi lonse. Minofu imakula msanga, mitsempha imatsalira kutali, n'chifukwa chake munthu amamva kuti mphamvu zilipo pamene chigongono sichinakonzeke.

Zoti muchite, achimwene

Simunachedwe, koma mtandawo usiyeni kaye mpaka ululu utheretu. Yambani ndi kudzinyamula ndi manja pamwamba pa ma ring, manja ali owongoka, zikhatho zitatembenukira kutsogolo pang'ono, masekondi 30, katatu, masiku awiri kapena atatu pa sabata. Zikakhazikika, tsitsani ma ring kuti mapazi aziponda pansi, kapena dutsitsani lamba wa labala pansi pa mapazi, n'kumatambasula manja pang'onopang'ono kwa miyezi yambiri. Ma ring atalikirane masentimita 50. Chigongono chikatupa, kapena mukamva chinachake chikuthetheka m'mkono, pitani kwa dokotala tsiku lomwelo.