Filimu ya kusungulumwa yopanda zolankhula

Funso: Akonzi, ndikufuna kujambula filimu ya mphindi 5 yosonyeza munthu wosungulumwa pakati pa chikhamu cha anthu mumzinda, koma popanda wolankhula. Ndili ndi foni yokha. Ndiyambire pati?

Yankho: Ikani foniyo pachoimikira kuti isagwedezeke. Wosewerayo mumuike kumphepete kwa chithunzi, aoneke wamng'ono, mbali yaikulu ikhale pululu. Chidutswa chilichonse chojambula osadula chizitenga masekondi 15 mpaka 30. Mukadula msanga, woonera samva kulemera kwa nthawi.

Tsekani focus (pamene kamera ikuonetsa bwino kwambiri) ndi kuwala musanayambe, apo ayi foni imazisintha yokha wina akangodutsa kutsogolo. Jambulani mafelemu (zithunzi) 25 pa sekondi, shutter (nthawi imene kamera imalowetsa kuwala pa felemu iliyonse) pa 1/50 ya sekondi, kuti mababu asamaoneke akuphethira m'filimu kumene magetsi ake ndi a 50 Hz (osinthasintha maulendo 50 pa sekondi).

Koma mtima wa filimu yotere uli m'makutu. Jambulani padera kulira kwa firiji, madontho a pampopi, supuni ikugunda kapu imodzi yokha. Mukamaliza m'chipinda chilichonse, onse akhale duu kwa mphindi imodzi, mujambule bata la mmenemo. Popanda limenelo, polumikiza zidutswa mawu amamveka akudukaduka.

Nyimbo zachisoni zisiyeni ndithu, zimamuuziratu woonera zoti amve.