Kodi Hans Zimmer amapeka bwanji nyimbo za m'mafilimu?

Wowerenga wina watitumizira imelo. Akuti amaimba kiyibodi kutchalitchi koma manotsi satha kuwerenga, ndiye akufuna kudziwa kapekedwe ka Hans Zimmer, komanso ngati naye angayambe ntchitoyi.

Achimwene, za manotsizo zisakudetseni nkhawa. Zimmer anabadwira ku Frankfurt mu 1957, ndipo luso lake analitolera ku London, poimba masinthesaiza (makiyibodi amagetsi opanga mamvekedwe osiyanasiyana) m'mabandi, kenaka pothandizira Stanley Myers, wopeka nyimbo za m'mafilimu. Anatchuka ndi Rain Man mu 1988. Oscar woyamba anamupata ndi The Lion King ya 1994 (mawu a Chizulu otsegulira filimuyi ndi a Lebo M wa ku Soweto), wachiwiri mu 2022 ndi Dune.

Zimmer amayamba wafunafuna liwu limodzi loti linyamule filimu yonse. Mu Interstellar anasankha limba ya mapaipi ya ku Temple Church, ku London. Mu Dunkirk ndi wotchi ya Christopher Nolan, dairekita wa filimuyo, ikungoti che-che-che osapumira. Liwulo likapezeka, amatenga manotsi ochepa, mwina atatu kapena anayi, n'kumawabwereza, uku akusanjikiza zida pang'onopang'ono mpaka woonera mtima uli m'mwamba. Zonsezi amaziyala kaye pa kompyuta kuti dairekita azimve okesitira isanalowe mu situdiyo. Kunena zoona, omutsanzira achuluka, moti mafilimu ambiri ankhondo akumveka ngati a mimba imodzi. Musaonjezere gululo. Kalimba kapena mbalule ingakhale liwu lanu.

Tsono ntchito yeniyeni. Khalani pansi ndi dairekita, muonere filimu yonse, mulembe timecode (nambala yosonyeza ola, miniti, sekondi ndi felemu mu filimu) ya poyambira ndi pothera nyimbo iliyonse. Mufunsenso liwiro la zithunzi: filimu imayenda mafelemu 24 pa sekondi, wailesi yakanema ya kuno 25. Akaisintha kuchoka pa 24 kupita pa 25 inu osadziwa, nyimbo imatsalira pafupifupi masekondi awiri ndi theka pa miniti iliyonse. Ng'oma imene munaikira chitseko chikamenyeka idzalira munthu atatuluka kale. Pa kompyuta, muyeso wa kajambulidwe ka mawu (sample rate) ukhale 48 kHz, osati 44.1 ya ma CD.

Popereka ntchito, ng'oma zikhale pa fayilo yakeyake, besi payokha, zida za zingwe pazokha, kwaya payokha. Mukapereka zophatikiza, wosakaniza mawu akafuna kutsitsa ng'oma adzatsitsa nyimbo yonse.

Pamene oyamba kumene amapunthwa kwambiri ndi pa zokambirana. Piyano kapena gitala yoimbidwa pakatikati pa kiyibodi imalimbana ndi mawu a munthu, ndiye anthu akamalankhula tsikirani kumunsi kapena tontholani kumene. Besi ya Zimmer ija imagwedeza mipando ya m'sinema, koma pa sipika ya foni imasowa ndithu, choncho mvetserani ntchito yanu pafoni musanatumize.

Mutu wa kanyimbo kalikonse, kutalika kwake ndi dzina lanu zilembedwe pa cue sheet (mndandanda wa nyimbo zonse za mu filimu), ndipo mukalembetse ku COSOMA, bungwe loteteza umwini wa ntchito zaluso m'Malawi, filimu isanaonetsedwe.