Kutsukitsa zithunzi ku famase kumatenga nthawi yaitali bwanji?

Sabata yatha ndinalandira imelo kuchokera kwa mayi wina wa kwathu amene amakhala ku South Bend, ku Indiana, kuno ku America. Akuti Loweruka likubwerali akunyamuka ulendo wakumudzi, koyamba patatha zaka 6, ndipo akufuna kuwatengera mayi awo zithunzi za adzukulu. Agogowo maso anayamba kuvuta, ndipo foni yawo ndi yamabatani. Funso lawo linali lakuti: "Ndikapita nazo ku Walgreens kapena ku CVS, zitenga nthawi yaitali bwanji? Kodi ndingathe kukatsukitsa Lachisanu madzulo ndikaweruka kuntchito?" Walgreens ndi CVS ndi mafamase, masitolo ogulitsa mankhwala, amene kuno amatsukanso zithunzi.

Achemwali, zikomo pondilembera, ndipo ulendowo Mulungu atsogole. Zithunzi wamba zija, zimene kuno amazitchula kuti 4x6, potengera mainchesi a m'lifupi ndi m'litali, zimatuluka tsiku lomwelo. Nthawi zambiri ola limodzi limakwana, ndipo zikakhala zochepa mutha kuzidikira muli chiimire. Komabe za Lachisanu madzulo zokhazo ndikukukanizani. Pitani Lachiwiri kapena Lachitatu.

Njira zilipo ziwiri. Yoyamba, mumapita nokha kusitoloko, n'kulumikiza foni ku makina oima pafupi ndi kauntala ya zithunzi, n'kusankha zimene mukufuna. Yachiwiri, imene ine ndimakonda, ndi yotumiza zithunzizo muli kunyumba kudzera pa app kapena pa intaneti, kenako n'kusankha sitolo ya pafupi nanu. Zikatheka amakutumizirani uthenga, inu n'kukangotenga envulopu yolembedwa dzina lanu. Apa samalani chinthu chimodzi: sankhani pamene alemba kuti mukatenga nokha kusitolo, osati pamene akuti akutumizirani pa positi. Za pa positi sazitsukira kusitolo ya pafupi nanuyo, amazitsukira kwina n'kuzitumiza, ndipo zimatha masiku angapo, mwinanso sabata. Mungapezeke kuti muli pabwalo la ndege la O'Hare ku Chicago, envulopu yanu ikanali m'njira. Zinthu monga makapu ojambulidwa nkhope ndi mabuku ena a zithunzi nazonso sizituluka tsiku lomwelo m'sitolo iliyonse, ndiye muziwerenga bwino musanadine.

Nanga ngati ndi ola limodzi lokha, ndikukanirani Lachisanu chifukwa chiyani? Makina ndi makina: mapepala amatha, inki imatha, tsiku lina amangofa. Ndiponso pa kauntala ya zithunzi nthawi zambiri pamakhala munthu mmodzi, yemweyonso akamuitana kuti akathandize kulipiritsa anthu amasiya n'kuthamangira komweko. Mu Disembala, anthu akamatsukitsa makadi a Khirisimasi, komanso mu Meyi ndi Juni ana akamamaliza sukulu, ola lija limatha kusanduka tsiku. Ine tsiku lina ndinafika pa famase ina cha m'ma 8 koloko usiku, mawa lake ndili ndi ulendo, n'kupeza kapepala komatidwa pamakina konena kuti awonongeka. Mtsikana amene anali pantchito anandithandiza ndithu, anaimbira sitolo ina, koma ndinayendetsa galimoto mtunda wautali mtima uli m'mwamba, zikwama ndisanalongedze.

Koma chimene chimadya nthawi kwenikweni si makina ayi. Ndi ntchito ya inuyo musanatumize, ndipo apa ndi pamene ambiri timakhumudwira tikatsegula envulopu.

Zithunzi zambiri zimene tili nazo m'mafonimu zinabwera pa WhatsApp. Chithunzi chikatumizidwa mwa nthawi zonse, WhatsApp imachichepetsa kuti chisadye bandulo. Pafoni chimaoneka bwino, koma papepala nkhope imatha kutuluka mbuu, makamaka mukachikulitsa. Chithunzi cha 4x6 kuti chituluke chakuthwa chimafuna madontho pafupifupi 1,200 m'lifupi ndi 1,800 m'litali. Ndiye ngati chithunzi cha ubatizo wa mwana chinajambulidwa ndi mnzanu wa kutchalitchi, muuzeni lero lomwe akutumizireni chenichenicho, pa imelo kapena pa WhatsApp pomwepo koma ngati document. App ikakuchenjezani kuti chithunzi china n'chochepa mphamvu, mverani, musachikakamize.

Chinanso ndi kudulidwa kwa mitu. Mafoni ambiri amajambula chithunzi chofupikirapo, cha muyeso wa 4 kwa 3, pamene pepala la 4x6 ndi la 3 kwa 2. Kuti chidzaze pepalalo, makina amadula m'mphepete. Pa chithunzi cha munthu mmodzi sizidziwika n'komwe, koma pa cha gulu, pamene bambo wamtali waima kumbuyo, amatuluka wopanda chipumi. Choncho tsegulani chithunzi chilichonse pachokha, muone pamene mzere wodulira wadutsa, musunthe ndi chala. Mukakhala ndi zithunzi 60, ntchito imeneyi yokha ndi ya madzulo athunthu. Ichitu n'chifukwa chake ndikuti muyambe msanga, kuti zina zikalakwika mukhale ndi tsiku lobwereza.

Simunanene ngati muli ndi filimu, koma poti ena amasungabe timakamera totaya tija, ndinenepo pang'ono. Filimu sakutsukiranso m'masitolomu monga kale. Amaitumiza kwina, ndipo mumadikira masiku angapo mpaka sabata ndi kupitirira. Kawirikawiri manegetivi sabweza. Ngati mumawafuna, funsani musanapereke, apo ayi pitani kwa otsuka filimu enieni.

Tikamadandaula za ola limodzi ndimakumbuka wojambula wa kwathu ndili mwana. Ankabwera pa njinga Lamulungu tikatuluka m'tchalitchi, kamera ili m'khosi. Tinkadzola mafuta mpaka nkhope waliwali, n'kuima pafupi ndi maluwa, manja m'mbali ngati asilikali. Akajambula, tinkadikira kuti filimu yake ya zithunzi 36 idzaze, kenako apite nayo kutauni kukatsukitsa. Mwezi unkatha. Nthawi zina ankabwera n'kunena kuti chanu chinapsa. Koma zimene zinatulukazo zilipo mpaka lero. Mayi anga amazisunga m'kajumbo, mkati mwa sutikesi yachitsulo, pansi pa zitenje za Mvano. Mlendo akafika amazitulutsa, n'kumaloza ndi chala mmodzimmodzi, kutchula dzina ndi kumene ali. Zithunzi masauzande zimene ndinawatumizira pafoni ya mdzukulu wawo sanazigwirepo m'manja, ndipo foniyo itagwera m'madzi zinapita zonse. N'chifukwa chake imelo yanu inandikhudza. Mukuchita chinthu chabwino kwambiri.

Poti mwati maso a mayi akuvuta, musangotsukitsa zing'onozing'ono zokha. Sankhani zitatu kapena zinayi zimene nkhope za ana zili pafupi, muzitsukitse pa 5x7, ndipo chimodzi cha banja lonse chikhale cha 8x10 choti akapachike. Zimenezinso masitolo ambiri amatulutsa tsiku lomwelo. Mukapeza mwayi wosankha pepala, dziwani kuti lonyezimira lija limaonetsa mitundu bwino koma limagwira zidindo za zala, ndipo kumudzi chithunzi chimadutsa m'manja mwa anthu ambiri, ena angochoka kumene pa nsima. Losanyezimira limapirira. Kungoti m'masitolo ena losanyezimiralo limakhala la pa positi, ndiye nthawi ikakuthinani tengani lonyezimira, mugule kaalubamu kamatumba apulasitiki n'kulowetsamo.

Mukakatenga, tsegulani envulopu muli pakauntala pomwepo, muwerenge ndi kuona chimodzichimodzi. Ngati china chatuluka ndi mizere kapena mtundu wachilendo, n'kosavuta kuti akutsukireninso nthawi yomweyo.

Mukafika kunyumba khalani pansi ndi ana. Kuseri kwa chithunzi chilichonse lembani dzina, zaka za mwanayo ndi chaka chimene chinajambulidwa, ndi zilembo zikuluzikulu, osadinikiza kwambiri cholembera kuti chisatulukire kutsogolo. Mwana amene amatha kulemba alembe yekha moni kwa agogo ake. Ndipo envulopuyo isalowe m'chikwama chachikulu. Pakati pa Chicago, Addis Ababa ndi Lilongwe chikwama chimatha kutsalira n'kufika patapita masiku. Iikeni m'kachikwama ka m'manja, pamodzi ndi pasipoti.