Musanagule turbo ina chifukwa cha P0299, yambani mwayeza izi

Achimwene, ndawerenga zomwe mwalemba zija. Mukuti Golf yanu ya 1.9 TDI imakoka bwinobwino, koma mukafika pachitunda n'kuponda kwambiri imangofooka mwadzidzidzi ngati wina waigwira kumbuyo. Mukaizimitsa n'kuilizanso mphamvu zimabwerera, makina oyezera galimoto aonetsa P0299, ndipo amakaniko akuti mugule turbo ina. Chonde musagule kaye. N'kutheka kuti turboyo yathadi, koma code imeneyi payokha sikunena zimenezo ayi.

P0299 imangotanthauza kuti kompyuta ya injini inapempha mpweya wochuluka mwakuti, sensa inayeza n'kupeza wochepa, ndipo kusiyanako kunakhalitsa. Basi. Pa makina a Volkswagen code yomweyo imalembedwa 16683, pomwe ma TDI ena akale amaonetsa 17964. Inzake ndi P0234, yomwe imabwera boost (mphamvu ya mpweya womwe turbo yapanikiza) ikapyola muyezo. Boost ikaperewera kapena ikapyola, kompyuta imachepetsa dizilo kuti iteteze injini, ndiye limp mode ija amanena amakaniko. Mukazimitsa n'kuyatsanso, kompyuta imayambiranso kuyesa, n'chifukwa chake zimaoneka ngati vuto latha. Apa ndiye pali mfundo yoti muigwire: turbo yomwe mapiko ake athyoka kapena shafti yake yadyeka sichira chifukwa choti mwapotoza kiyi. Yanuyi imakoka ndithu mpaka pomwe kompyuta yaidula. Ine ndikukayikira kwambiri zinthu zoizungulira kusiyana ndi iyo yeniyeniyo.

Kuti timvane, turbo ndi timagudumu tiwiri ta mapiko tomwe tili pa shafti imodzi. Utsi wa ekizozi umazunguza kamodzi, kenako kamakoka mpweya kuchokera ku fyuluta n'kuupanikiza. Mpweya wopanikizidwawo umatentha, ndiye umayamba wadutsa mu intercooler kuti uzizire usanalowe mu injini. Njira yonseyi ndi yaitali ndipo ili ndi zolumikiza zambiri. Mpweya ukhoza kukanika kulowa, ukhoza kuthawira panjira, utsi ukhoza kusowa potulukira, cholamulira turbo chikhoza kusiya kumvera, ngakhale sensa yomwe ikhoza kumanama. Zonsezi kompyuta imazilemba ndi nambala imodzi yomweyo.

Yambani ndi sensa chifukwa n'zosavuta. Potozani kiyi koma injini musailize, muwerenge pa makina zomwe MAP sensor, sensa yoyeza boost, ikunena. Injini ili chete, mu manifodi (paipi yogawira mpweya ku masilinda) muli mpweya wofanana ndi wapanja, ndiye nambala yake iyenera kuyandikana kwambiri ndi ya sensa ya mpweya wapanja yomwe ili mkati mwa kompyuta. Kufupi ndi nyanja ya mchere nambalayi imakhala cha m'ma 1,013 mbar (muyezo wa mphamvu ya mpweya), pamalo okwera mamita 1,000 imatsika kufika cha m'ma 900. Ngati muli ndi VCDS, pulogalamu ya pa laputopu yowerengera kompyuta ya magalimoto a Volkswagen, zonse ziwiri mudzazipeza mu gulu la miyezo 010. Zikasiyana kwambiri, zulani sensayo muione. Nthawi zambiri imakhala itakutidwa ndi mwaye wosakanikirana ndi oyilo. Itsukeni ndi mankhwala opopera otsukira za magetsi, osaitokosa ndi waya.

Kenako pitani nayo pamsewu, chifukwa galimoto itaima injini siilemedwa mokwanira kuti turbo igwire ntchito yeniyeni. Tengani mnzanu agwire laputopu, inu maso akhale kutsogolo. Mu giya yachitatu, yambirani pa 1,500 rpm, pondani mpaka pansi kufika 4,000 rpm, mnzanuyo akujambula boost yomwe kompyuta ikupempha ndi yomwe ikupezekadi. Pa VCDS ndi gulu 011. Kumbukirani kuti manambala amenewa akuphatikiza mpweya wapanja, choncho 2,000 mbar ndi boost ya pafupifupi 1 bar yokha. Ma 1.9 TDI amapempha pakati pa 1,900 ndi 2,500 mbar malinga ndi mphamvu za injiniyo. Mizere iwiriyo imalankhula kwambiri kuposa code. Boost ikamakwera koma osafika, kwinaku mukumva "fsss" ndipo kumbuyo kukufuka utsi wakuda, mpweya ukuthawa penapake. Ikamachedwa kubwera kenako n'kulumpha kupyola yomwe yapemphedwa, timapiko tolamulira utsi mkati mwa turbo, tomwe ndifotokoze kutsogoloku, tikukakamira. Ikangokhala phee pa nambala ya mpweya wapanja, actuator, chipangizo chosuntha timapiko timeneti, sikusuntha n'komwe. Ikakhala bwino pa ma rpm otsika n'kumagwa injini ikamathamanga, ganizirani zotsekeka, kaya kolowera kaya kotulukira.

Za mpweya wothawa ndikufuna ndikhalitsepo pang'ono, poti anthu amangoyang'ana pamwamba n'kuti mapaipi ali bwino. Paipi ya labala imatha kung'ambika kunsi kwake kapena pafupi ndi kilampu, ndipo mng'aluwo umangotseguka boost ikafika, injini ikaima umatsekanso osaoneka. Ifinyeni ndi dzanja paipi iliyonse, muipinde, muunike kunsi ndi tochi. Chizindikiro chabwino ndi oyilo. M'mapaipi amenewa mumayenda kankhungu ka oyilo kochokera ku breather (paipi yopumira injini), ndiye pomwe mpweya ukuthawira pamakhala ponyowa, pakuda, pomata fumbi. Ma TDI ambiri a nthawi imeneyo ali ndi zolumikiza zogwidwa ndi kawaya m'malo mwa kilampu. Timano take timadyeka, labala wa mkati amauma, paipi n'kumasunthira kunja pang'ono mukaponda. Onaninso intercooler, makamaka m'mbali mwa pulasitiki momwe mwalumikizana ndi aluminiyamu, komanso kutsogolo komwe miyala imamenya. Njira yotsimikiza ndi kutseka paipi yolowera ku turbo, kupopamo mpweya wa kompresa osapyola 1 bar, chitsekero cha oyilo mutachotsa, kenako kuwaza madzi a sopo m'zolumikiza zonse. Thovu limakuuzani lokha. Amene ali ndi makina opopa utsi zimawafulumira koposa. Utsi wakuda uja umabwera chifukwa MAF, sensa yoyeza mpweya wolowa, inauwerenga kale mpweyawo polowa, kompyuta n'kupereka dizilo wolingana nawo, chonsecho mpweyawo wathawira panja.

Tsopano tifike pomwe ine ndikukayikira kwambiri pa galimoto yanuyo. Ma 1.9 TDI ambiri ali ndi turbo ya mtundu wa VNT, yopanda wastegate (kachitseko kopatutsa utsi kuti usadutse pa gudumu la turbo). Mkati mwa mbali yotentha muli timapiko tating'ono tozungulira gudumu, tomwe timatsekeka pang'ono kuti utsi uthamange pa ma rpm otsika, n'kutseguka injini ikathamanga. Timapikoti timasunthidwa ndi kamtengo kachitsulo kochokera ku actuator, ndipo actuator imakokedwa ndi vakyumu (mphamvu yoyamwa mpweya). Injini ya dizilo ilibe vakyumu yakeyake ngati ya petulo, imadalira pampu yoyendetsedwa ndi injini, pampu yomweyo yomwe imathandiza mabuleki. Ndiye ngati buleki yayamba kulimba poponda, chimenecho n'chizindikiro kale. Pakati pa pampu ndi actuator pali valavu yamagetsi yotchedwa N75, yomwe kompyuta imagwiritsa ntchito pochepetsa kapena kuonjezera vakyumu. Zonsezi zalumikizidwa ndi timapaipi tochepa ngati pensulo, tokutidwa ndi nsalu. Labala wa mkati amafumbutuka, nsalu yakunja ikuoneka yabwinobwino.

Pezani kapampu kam'manja ka vakyumu kokhala ndi geji. Lumikizani molunjika ku actuator mupope pang'onopang'ono mukuyang'ana kamtengo kaja. Kayenera kuyamba kusuntha cha pa 3 mpaka 5 inHg (muyezo wa vakyumu pa geji), kuyenda mosalala, n'kukagunda poimira pake cha pa 18 inHg. Siyani kupopa muone singano. Ikamatsika yokha, labala wa mkati mwa actuator wabooka, ndipo actuator imagulidwa payokha popanda turbo. Kamtengo kakamayenda modukizadukiza kapena kuima pakati, ndiye kuti timapiko tadzadza mwaye. Zikakhala bwino pamenepo, bwererani m'mbuyo: yezani vakyumu yomwe ikufika ku N75 ndi yomwe ikutulukako injini ikulira, muone kafyuluta kake kopumira, muonenso mawaya ake. Ngati yanu ndi ya 90 hp yakale yokhala ndi wastegate, actuator yake imakankhidwa ndi boost m'malo mokokedwa, ndiye muone ngati kachitseko kakutsekeka molimba.

Izi ndikuzinena chifukwa zinandichitikira. Zaka zingapo zapitazo ndinasinthitsa turbo pa galimoto yanga nditauzidwa ngati momwe mwauzidwiramu. Tsiku lomwelo, pachitunda chomwecho, galimoto inafookanso. Titafufuza modekha tinapeza kapaipi ka vakyumu katakhula pa chitsulo mpaka kubooka, kabowo kosalowa n'mutu wa machesi womwe. Turbo yomwe tinachotsa inalibe vuto lililonse. Zinandipweteka kwambiri, ndipo kuyambira pamenepo sindilola kuti mbali yaikulu imasulidwe manambala ndisanawaone.

Timapiko tikakhala kuti takakamira, mankhwala ake enieni ndi kutsitsa turbo, kutsegula mbali yotentha, kupala mwaye ndi dzimbiri, n'kubweza chilichonse m'malo mwake. Ikani zizindikiro musanamasule. Mankhwala opopera amathandiza kanthawi kochepa ngati mwaye uli wochepa, koma wouma sauchotsa. Vutoli limakonda magalimoto oyenda maulendo afupiafupi komanso oyendetsedwa pa giya yaikulu injini ikung'ung'udza pansipansi, poti timapiko sitiyenda ulendo wake wonse. Ndipo chonde, wina asakuuzeni kuti afupikitse kamtengo ka actuator kapena apotoze kabawuti koimitsira kuti "ikoke". Zimenezo zinatcheredwa kufakitale ndi makina oyeza mpweya. Mukazisuntha mwachisawawa, P0299 imasanduka P0234, ndipo boost yopyola muyezo imaononga gasketi ya hedi ndi turbo yomwe.

Zotsalazo ndizidutsa mwachangu. Fyuluta ya mpweya ikatsekeka, kapena paipi yolowera ikafewa n'kumafwapa, turbo imasowa chokoka. EGR, valavu yobwezera utsi wina mu injini, ikakakamira potseguka imaba utsi womwe ukanazunguza turbo, ndipo pa injini zimenezi manifodi yolowera imatha kudzadza mwaye mpaka kutsala kanjira kochepa. Catalytic converter (chotsukira utsi mu ekizozi) yotsekeka, kapena DPF (fyuluta ya mwaye) pa magalimoto atsopanoko, imabweza utsi m'mbuyo. Mng'alu pa manifodi ya ekizozi umadziwika ndi mizere yakuda ya mwaye. MAF yotopa nayonso imafooketsa galimoto, muione mu gulu 003. Kwa anzathu a m'gulu muno omwe muli ndi turbo za petulo, onjezeranipo diverter valve, valavu yopatutsa boost mukasiya kuponda, poti labala wake akang'ambika boost imangozungulira osalowa mu injini. Omwe muli ndi actuator yamagetsi mudzaona ma code ngati P2563, ndipo zambiri mwa izo mukasintha zimafunika kuzitcheranso ndi makina.

Zonsezi zikapezeka zili bwino, ndiye tsopano yang'anani turbo yeniyeniyo. Injini itazizira ndiponso itazima, chotsani paipi yolowera mugwire nsonga ya shafti ndi zala. Kugwedera pang'ono m'mbali si vuto, chifukwa shaftiyo imayandama pa oyilo ndipo injini ikaima oyiloyo amakhala palibe. Chosaloledwa ndi choti mapiko akhudze khoma lake, kapena shafti iziyenda kulowa ndi kutuluka moti mukumva ndi chala. Unikani mapiko ngati athetheka kapena kupindika, muone ngati pakhoma pali zokanda. Kulira ngati sailini, utsi wabuluu wosatha ndi oyilo wotha msanga ndi umboni weniweni. Koma kaoyilo pang'ono m'mapaipi n'kachibadwa, munthu asakuopsezeni nako.

Ikapezekadi kuti yafa, funsani chomwe chaipha, apo ayi yatsopanoyo idzatsata njira yomweyo. Shafti yozungulira maulendo oposa 150,000 pa mphindi imangofunika kusowa oyilo masekondi ochepa kuti idyeke. Kapaipi kobweretsa oyilo kamatsekeka ndi oyilo wopserera, ndiye kasintheni, osangokapopera mpweya. Onani kuti paipi yobweza oyilo pansi ndi yotseguka. Thirani oyilo watsopano ndi fyuluta yatsopano, ndipo ngati injini yanu ndi ya PD (ija injector iliyonse ili ndi pampu yakeyake) yopanda DPF, oyilo wake akhale wa muyezo wa VW 505.01. Pa zolumikiza za oyilo musapakepo silikoni, tizidutswa take timalowa mkati n'kutseka njira. Intercooler ndi mapaipi onse atsukidwe mpaka oyilo ndi tizitsulo zithemo. Ichi musachipeputse: injini ya dizilo ikayamba kumwa oyilo wosonkhana mu intercooler imathamanga yokha osamvera kiyi, ndipo imatha kudziphwasula mukuona. Musanalize, thirani oyilo pakamwa polowera pa turbo mukuzunguza shafti ndi chala, kenako injini ilire payokha mphindi zingapo musanaponde.

Pakadalipano chitani zitatu izi: MAP injini itazima, gulu 011 pamsewu, ndi kapampu pa actuator. Mukatero ikani manambalawo pompano pamodzi ndi zilembo zitatu za injini yanu, zomwe zili pa sitika ya pa chivundikiro cha timing belt, tiwaonere limodzi musanamasule bawuti ina iliyonse.