Walawa, wayaka, wakhuta, ali thapsa: kodi n'chimodzimodzi?

Kalata ya sabata ino yachokera kwa mnyamata wobadwira ku Johannesburg, makolo ake a ku Ntcheu. Akuti atabwera kumudzi pa Khirisimasi anamva mawu ambirimbiri onena munthu woledzera, ndipo akufunsa ngati onse ali ndi tanthauzo limodzi.

Ayi achimwene, si limodzi. Mawuwa ali ngati makwerero, ndipo sitepe iliyonse ikunena zimene mowa wachita kale m'thupi.

Pansi penipeni pali "walawa" kapena "alawako". Awa ndi mawu aulemu, onenera munthu wamkulu amene simungamuloze chala kuti waledzera. Munthuyo akuyenda bwinobwino, koma nkhani zachuluka ndipo manyazi achepa, chifukwa mowa umayamba kufooketsa mbali ya ubongo imene imatiletsa kuchita zinthu mosaganiza. Achinyamata a m'tauni akati "wayaka" ndiye kuti zakwerako: mawu akukwera, akuvina nyimbo iliyonse, akugulira bibida anthu osawadziwa. Sitepe imeneyi ndi yonyenga. Iye akudzimva wochangamuka, pomwe maso ndi manja zayamba kuchedwa. Malamulo a pamsewu ku Malawi amaika malire pa magalamu 0.08 a mowa mu mamililita 100 a magazi, ndipo munthu wochepa thupi akhoza kufikapo ndi mabotolo atatu okha.

"Wakhuta" ndi wina. Lilime lalemera, akubwebweta, akuyenda dzandidzandi. Apa mowa wafika kumbuyo kwa ubongo, kumene kumayendetsa miyendo kuti munthu asagwe. Kukodza pafupipafupi kumabwera chifukwa mowa umatsekereza timadzi ta m'thupi timene timauza impso kuti zisunge madzi. Musasokoneze mawuwa ndi "chidakwa", "chiledzerere" kapena "mbiyang'ambe". Atatuwa sanena za usiku umodzi, amanena khalidwe la munthu, ndipo ndi chipongwe. Musawanene kwa amalume anu, ngakhale mukuseka.

Chimene chimakweza munthu pa makwererowa ndi masamu wamba. Botolo la Gilini la mamililita 330 lili ndi magalamu pafupifupi 12 a mowa weniweni, pomwe chiwindi chimachotsa osapitirira magalamu 10 pa ola. Mukamwa mabotolo anayi pa ola limodzi, atatu atsala m'magazi kudikira. M'mimba mukakhala mopanda kanthu mowa umathamangira m'matumbo, momwe umalowa m'magazi msanga, n'chifukwa chake kudya nsima bibida isanayambe kumathandiza. Midoli ndi kachasu n'zoopsa pa chifukwa chomwechi: zakumwa zaukali zimafika 40 peresenti, ndipo munthu amapapira zambiri thupi lisanamuchenjeze. Masacheti analetsedwa pa nkhani yomweyi, monganso tujilijili ku Zambia mu 2012.

Tsopano mawu amene ndikufuna muwamvetse bwino: "ali thapsa", kapena "wazima". Anthu amaseka, kumujambula pa foni, n'kunena kuti musiyeni agone uthe. Koma mowa umene uli m'mimba umapitirira kulowa m'magazi munthu ali gone, ndipo umafooketsa kupuma komanso kutsokomola. Ambiri amene amafa usiku wotere amatsamwa ndi masanzi awo atagona chagada. Mugonekeni cham'mbali, bondo lapamwamba lopinda, mutu wopendekera pansi pang'ono kuti masanzi atuluke. Mufunditseni, makamaka mu Juni ndi Julaye, poti mowa umataya kutentha kwa thupi ngakhale womwayo amamva ngati watenthedwa. Musamuthire madzi ozizira, musamumwetse kanthu, musamukakamize kusanza. Ngati sakudzuka mukamutsina, akupuma kosakwana kasanu ndi katatu pa mphindi, kapena milomo yasintha mtundu, thamangirani naye kuchipatala. Mowa umatsitsanso shuga m'magazi, choncho wodwala shuga kapena amene wamwa osadya akhoza kukomoka anthu n'kumayesa tulo.

M'mawa mwake ndi matsire: mutu waukulu, ludzu, nseru, manja kunjenjemera. Zina zimachokera ku kuchepa kwa madzi, zina ku poizoni amene chiwindi chimapanga pogaya mowa. Msuzi wa mang'ina umabweza madzi ndi mchere, ndiye si bodza kuti umathandiza, ngakhale phala ndi madzi ambiri zimagwira ntchito yomweyo. Khofi sachotsa mowa m'magazi. "Kuchotsa matsire" ndi botolo lina kumangowakankhira masana, ndipo amene sangayambe tsiku popanda botolo limenelo wayandikira uchidakwa. Panado wambiri pa chiwindi chotopa kale ndi woopsa, pomwe Brufen ndi asipirini zimapweteka m'mimba mopanda chakudya. Amene akumwa mankhwala a Flagyl asakhudze mowa konse.

Pali matsire ena amene si matsire. Mowa wotcheza mobisa, wonga uja anaupatsa dzina loti "Ambuye n'tengeni", nthawi zina umakhala ndi methanol, mtundu wa mowa umene ndi poizoni ndipo si wakumwa. Zizindikiro zake zimachedwa, maola 12 mpaka 24: m'mimba kupweteka kwambiri, kupuma mothamanga, maso kuchita chifunga. Munthu akangonena kuti sakuona bwino atamwa mowa wotere, musadikire kuti kuche. Pitani naye kuchipatala, ndipo mutenge botolo limene anamwalo kuti adokotala alione.